Nambala ya Pachifuwa: Mbiri ya Mpikisano wa Boston Marathon

Pa 19 Epulo 1966, m'katauni ka Hopkinton m'chigawo cha Massachusetts ku America, mtsikana wina wa zaka 23 anabisala pa zitsamba pafupi ndi poyambira mpikisano. Anavala kabudula wa mchimwene wake ndi juzi la chipewa lobisa tsitsi. Dzina lake anali Roberta Gibb, koma ambiri amangoti Bobbi. Miyezi ingapo m'mbuyomo anali atalembera kalata akuluakulu a mpikisanowo kupempha malo, ndipo yankho linabwera lomukana: ati thupi la mkazi silingapirire mtunda woterewu, komanso malamulo salola. Mfuti italira anadikira kuti chigulu cha amuna chiyambe kudutsa, n'kudumphira pakati pawo.

Amene anali naye pafupi sanachedwe kuzindikira kuti uyu ndi mkazi. Sanamuthamangitse. Anamulimbitsa mtima mpaka anavula juzi lija, n'kuthamanga poyera. Anakafika ku Boston patatha maola 3, mphindi 21 ndi masekondi 40, atasiya m'mbuyo amuna pafupifupi awiri mwa atatu alionse. Mapazi ali matuza okhaokha, chifukwa nsapato zinali zatsopano. Koma m'buku la zotsatira dzina lake silinalembedwe tsiku limenelo. Analibe nambala.

Boston Marathon ndiye mpikisano wakale kuposa marathoni ina iliyonse yochitika chaka ndi chaka padziko lapansi. Msewu wake sunasinthe kwenikweni kwa zaka zoposa 100. Chimene anthu akhala akukanganirana zaka zonsezi ndi kanthu kakang'ono, kapepala kamene wothamanga amakoleka pachifuwa ndi mapini. Ndani apatsidwe nambala, ndani asapatsidwe, ndipo wopambana alandire chiyani. Ukailondola bwino nkhaniyi umaona kuti pafupifupi gulu lililonse limene lero likuthamanga momasuka mumsewu umenewu linachita kudzilowetsa lokha, eni mpikisano n'kuvomereza pambuyo.

Kumene zinachokera

Marathoni si masewera akale monga ambiri amaganizira. Agiriki akale analibe mpikisano wa mtunda wotere. Chinalipo ndi nthano ya mthenga amene akuti anathamanga kuchokera ku chigwa cha Marathon kukafika ku Athens kukanena kuti Aperisi agonja pa nkhondo ya mu 490 BC, n'kugwa pomwepo n'kufa. Akatswiri a mbiri amaikayikira nthanoyi, koma inali yokoma, ndipo pamene ankakonza masewera oyamba a Olimpiki amakono mu 1896, Mfalansa wina wophunzira kwambiri, Michel Bréal, anapereka ganizo loti pakhale mpikisano wotsata njira ya mthengayo. Anapambana ndi Mgiriki, Spyridon Louis, bwalo lonse n'kuwira.

M'bwalo limenelo munali John Graham, amene ankayang'anira timu ya America. Ambiri mwa anyamata a timuyo anali a kalabu ya Boston Athletic Association, imene inakhazikitsidwa mu 1887, ndipo mpaka lero ndi imene imayendetsa mpikisanowu. Graham anabwerera kwawo chinthucho chitamulowa mumtima. Mothandizana ndi wamalonda wina, Herbert Holton, anayeza njira yochokera ku Ashland kukathera mkati mwa Boston, ndipo anasankha tsiku la 19 Epulo, lomwe kumeneko ndi tchuti cha Patriots' Day, chokumbukira nkhondo za ku Lexington ndi Concord za mu 1775 zimene zinayambitsa kumenyera ufulu kwa America kwa Angerezi. Kusankha tsiku la tchuti kunali nzeru. Masukulu ndi maofesi zimakhala zotseka, choncho anthu amatuluka ndi ana kukaima m'mphepete mwa msewu. Kuyambira mu 1969 tchuticho anachiika pa Lolemba lachitatu la Epulo, mpikisano n'kusamuka nacho.

Tsiku loyambalo, mu 1897, kunabwera amuna 15 okha. Mzere woyambira anachita kuulemba ndi chidendene pafumbi. Okwana 10 ndiwo anamaliza. John McDermott wa ku New York anapambana pa 2:55:10, kutanthauza maola awiri, mphindi 55 ndi masekondi 10, ngakhale chakumapeto ankayenda pena ndi pena chifukwa cha kukokana kwa minofu, ndipo atalowa mumzinda anadutsa pakati pa anthu operekeza maliro.

Mtunda wa tsikulo unali makilomita pafupifupi 39. Makilomita 42.195 amene timawadziwa lero anabwera pambuyo, ndipo anabwera mwangozi ndithu: pa Olimpiki ya ku London mu 1908 njira inayambira ku nyumba yachifumu ya Windsor kukathera m'bwalo la White City, ndipo muyezo wake unangopezeka kuti ndi umenewo. Bungwe la masewera othamanga la padziko lonse linaukhazikitsa mu 1921 kuti ukhale wa onse. Boston inatsatira mu 1924 posuntha poyambira kupita ku Hopkinton. Amene sanaulawe mtundawu aganizire bwalo la mpira lokhala ndi njira yothamangamo ya mamita 400: ndiye kulizungulira maulendo 105 ndi theka.

Msewu wonyenga

Njira ya Boston siizungulira mzinda ngati mmene zilili ku Berlin kapena ku Chicago. Imachoka kumudzi, n'kulunjika kum'mawa, kudutsa Hopkinton, Ashland, Framingham, Natick, Wellesley, Newton, Brookline, mpaka Boston. Pothera m'potsika ndi mamita pafupifupi 140 poyerekeza ndi poyambira. Munthu akangomva zimenezi amati basi, zophweka, n'kutsetsereka kokhakokha. Apa ndi pamene ambiri amagwa m'mbuna.

Makilomita oyambirira ndi otsetsereka kwambiri. Thupi lili ndi mphamvu, chigulu chikukukoka, miyendo ikungodzipita yokha. Koma pa mtsetse minofu ya kutsogolo kwa ntchafu imagwira ntchito ya mabuleki, ndipo phazi lililonse likamenya phula minofuyo imang'ambika pang'onopang'ono mwini wake osamva kanthu. Chapakati pa ulendo, ku Wellesley, atsikana a pa koleji ya pamenepo amaima m'mbali mwa msewu n'kumakuwa mokweza moti phokoso lawo limamveka munthu asanawaone, ndipo ambiri amaonjezeranso liwiro pamenepo. Kenako, cha pa kilomita ya 26, msewu umalowa mu Newton n'kuyamba kukwera. Zitunda zilipo zinayi. Chomaliza, chotchedwa Heartbreak Hill, chili cha pa kilomita ya 33, pafupi ndi Boston College.

Chitunda chimenechi pachokha si kanthu. Chimakwera mamita pafupifupi 27 pa mtunda wa mamita 600, ndipo munthu wozolowera kukwera mapiri ndi katundu pamutu akhoza kuchiseka. Vuto ndi pamene chakhala. Thupi la munthu limasunga shuga wokwanira kulithamangitsa makilomita pafupifupi 30, ndipo akatha limayamba kudalira mafuta, amene amapereka mphamvu mochedwa. Ndiye chitunda chimakupeza shuga watha, ntchafu zaphwanyika kale ndi mtsetse uja. Ukachigonjetsa, msewu umatsetserekanso, ndipo othamanga ambiri amanena kuti kutsika kumeneku ndiko kumapweteka kuposa kukwera. Akuluakulu anati kuthamanga sikufika. Ku Boston mawuwa amaoneka ndi maso chaka chilichonse.

Dzina la chitundachi linachokera pa mpikisano wa 1936. Ellison Brown, wa mtundu wa Narragansett, amodzi mwa eni nthaka a ku America, amene anthu ankamutcha Tarzan, anatsogola kuyambira pachiyambi ndi liwiro loopsa. Johnny Kelley, amene anapambana chaka cha m'mbuyo mwake, anamupeza m'zitunda za Newton, ndipo pomudutsa anamusisita paphewa ngati womutsanzika. Kunali kudzutsa galu wogona. Brown anakoka liwiro, kumudutsa, n'kukapambana, Kelley n'kuthera pa nambala 5. Mtolankhani wa nyuzipepala ya Boston Globe, Jerry Nason, analemba kuti pamenepo ndi pamene mtima wa Kelley unasweka, dzina n'kukakamira.

Nthawi ya mendulo ndi mbale ya nyama

Kwa zaka pafupifupi 90, wopambana ku Boston sankalandira ndalama ngakhale senti imodzi. Ankalandira mendulo, nkhata ya masamba pamutu, ndi mbale ya nyama ya ng'ombe yamsuzi imene othamanga onse ankapatsidwa akamaliza. Lamulo linali loti wothamanga akalandira ndalama pa masewera wadzidetsa, ndipo achotsedwe. Amene ankalikonda lamuloli ankati likuteteza ulemu wa masewera. Koma amene ankathamanga marathoni masiku amenewo sanali ana a anthu olemera. Anali antchito wamba.

Clarence DeMar, amene anapambana maulendo 7, kuposa mwamuna wina aliyense wothamanga ndi miyendo mpaka lero, ankagwira ntchito pa makina osindikizira, ndipo mbali ya zokonzekera zake inali kuthamanga popita ndi pobwera kuntchito. Madokotala anamuuza kuti mtima wake uli ndi vuto, asiye. Anapambana mu 1911, n'kupuma zaka zingapo, kenako anabwerera n'kutenga 1922, 1923, 1924, 1927, 1928 ndi 1930, komalizako ali ndi zaka 41. Kelley uja ankagwira ntchito ku kampani ya magetsi. Anapambana kawiri, mu 1935 ndi 1945, anakhala wachiwiri maulendo 7, ndipo anaima pamzere woyambira maulendo 61, n'kumaliza 58. Brown anapambananso mu 1939, koma moyo wake wonse unali wa umphawi, wa maganyu a zomangamanga ndi kusodza. Anthu zikwi mazana ankaima mumsewu kumuombera m'manja, iye n'kubwerera kwawo chimanjamanja. Ulemu umenewo ine sindiuona.

Nkhondo yachiwiri ya padziko lonse itatha, alendo anayamba kulamulira. Mu 1946 kunabwera Mgiriki, Stylianos Kyriakides, wowonda ndi njala imene inasakaza dziko lake pansi pa ulamuliro wa Anazi a ku Germany, moti madokotala anakayikira ngati angamulole. Anagonjetsa Kelley chakumapeto, ndipo kutchuka kwakeko anakugwiritsa ntchito kupemphera anthu a kwawo chakudya, mankhwala ndi zovala, zimene anabwerera nazo. Mu 1947 anapambana Suh Yun-bok wa ku Korea pa 2:25:39, nthawi imene inali isanachitikepo padziko. Mu 1951 anapambana mnyamata wa zaka 19 wa ku Japan, Shigeki Tanaka, wochokera m'dera la Hiroshima. Kuyambira 1946 mpaka 1967 Mmereka mmodzi yekha ndiye anapambana, John J. Kelley mu 1957, amene sanali wachibale wa Kelley wamkulu uja ngakhale mayina akufanana.

261

Chaka chotsatira ulendo wa Gibb, mu 1967, wophunzira wa pa yunivesite ya Syracuse wa zaka 20 anadzaza fomu n'kusaina kuti K. V. Switzer. Oyang'anira anayesa ndi mwamuna ndipo anamupatsa nambala 261. Kunali kuzizira, kukugwa chipale chosakanikirana ndi mvula, aliyense atavala zokhuthala, choncho palibe anazindikira poyambira. Atathamanga makilomita owerengeka, galimoto ya atolankhani inawapeza, ndipo mmodzi mwa oyendetsa mpikisano, Jock Semple, Msikoti waukali amene ankautenga mpikisanowu ngati mwana wake, anadumpha n'kumuthamangira kumbuyo, kumugwira, akukuwa kuti achoke mu mpikisano wake ndipo abweze nambalayo. Chibwenzi cha Kathrine Switzer, Tom Miller, chimphona choponya chitsulo pa masewera, chinamugunda ndi phewa Semple n'kukagwera kumbali. Ojambula anali pomwepo. Switzer anamaliza patatha maola 4 ndi mphindi pafupifupi 20, zithunzi n'kuzungulira dziko lonse.

Pali chinthu chimene chimaiwalika kawirikawiri. Gibb anathamanganso tsiku lomwelo, wopanda nambala, ndipo anafika pafupifupi ola lathunthu Switzer asanafike. Koma Gibb, Semple sanamuchite zotere. Chimene chinamukwiyitsa sichinali kuona mkazi mumsewu, popeza msewu ndi wa boma. Chinali kuona mkazi atavala nambala, kutanthauza kuti bungwe lamuvomereza.

Panatenga zaka zina zisanu. Mu 1972 akazi analoledwa mwalamulo. Anayamba 8, onse anamaliza, ndipo Nina Kuscsik ndiye anapambana. Semple ndi Switzer anadzagwirizana n'kukhala mabwenzi. Mu 1983 Joan Benoit anathamanga 2:22:43 ku Boston, nthawi yoposa ya mkazi aliyense padziko panthawiyo, ndipo chaka chotsatira anapambana marathoni yoyamba ya akazi pa Olimpiki ku Los Angeles. Gibb anadikira mpaka 1996 kuti bungwe limuvomereze monga wopambana wa 1966, 1967 ndi 1968. Switzer anathamanganso mu 2017 ali ndi zaka 70, ndipo nambala 261 anaipumitsa, sapatsidwanso wina.

Othamanga pa njinga za anthu aulumali analowa m'njira yofananako, koma popanda ndewu. Mu 1975 Bob Hall anauzidwa kuti akamaliza pasanathe maola atatu adzapatsidwa satifiketi. Anamaliza pa 2:58, ndipo Boston inakhala marathoni yaikulu yoyamba kukhala ndi gawo limeneli. Ernst van Dyk wa ku South Africa anadzapambana m'gawoli maulendo 10.

Wopambana wosatuluka thukuta

Mu 1980 mkazi wosadziwika, Rosie Ruiz, anadutsa mzere womaliza pa 2:31:56, n'kuvekedwa nkhata. Nthawi imeneyo inali ya pakati pa zothamanga kwambiri zimene mkazi anachitapo padziko. Koma anthu odziwa masewerawa anayang'anizana. Malaya ake sanali onyowa monga amakhalira a munthu wochokera ku Hopkinton. Atafunsidwa za kakonzekeredwe kake, sanadziwe ngakhale mawu amene wothamanga aliyense amawadziwa. Akazi amene ankatsogola sanamuonepo akuwadutsa, ndipo pa zithunzi za m'njira sanaoneke paliponse. Kenako ophunzira awiri a ku Harvard ananena kuti anamuona akutuluka m'chigulu cha oonerera pafupi ndi pothera. Zinadzaululikanso kuti pa marathoni ya ku New York ya chaka cha m'mbuyo mwake, imene inamupezetsa nambala ya ku Boston, anakwera sitima ya pansi panthaka.

Patatha masiku 8 anamulanda ulemuwo n'kuupereka kwa Jacqueline Gareau wa ku Canada, amene anathamanga 2:34:28 koma anafika pothera anthu ataombera kale wina m'manja. Chinyengo chimenechi chinatheka chifukwa oyang'anira m'njira ankalemba manambala a amuna otsogola, akazi osawasamala kwenikweni. Kuchokera pamenepo anayamba kulondera mwamphamvu, ndipo pofika 1996 wothamanga aliyense ankanyamula kachipangizo kamene kamalemba nthawi yake akamadutsa malo osankhidwa. Masiku ano kachipangizoko kamamatidwa kumbuyo kwa nambala yomwe ija.

Ndalama, kenako Afrika

Chakumayambiriro kwa zaka za m'ma 1980 zinthu zinasintha kunja. New York, Chicago ndi London, imene inayamba mu 1981, zinayamba kukopa akatswiri ndi ndalama. Boston inaumirira mwambo wake. Inali idakali ndi masiku abwino, monga mu 1982 pamene Alberto Salazar anagonjetsa Dick Beardsley ndi masekondi awiri okha padzuwa lotentha, koma akatswiri anayamba kuilambalala. Mu 1985 zinafika pochititsa manyazi: Geoff Smith wa ku England minofu inamukokana, anaima, anayenda, komabe anapambana ndi mphindi pafupifupi zisanu, chifukwa kumbuyo kunalibe womuopseza. Chaka chotsatira bungwe linagonja. Kampani ya inshuwalansi ya John Hancock inaikapo ndalama, ndipo mu 1986 Rob de Castella wa ku Australia ndi Ingrid Kristiansen wa ku Norway anakhala oyamba kulandira mphotho ya ndalama.

Taonani chimene chinatsatira pasanathe zaka ziwiri. Mu 1988 Ibrahim Hussein wa ku Kenya ndi Juma Ikangaa, msilikali wa kwa aneba athu ku Tanzania, analowa mumsewu wa Boylston, umene mpikisano umatheramo, ali phewa ndi phewa. Hussein anapambana ndi sekondi imodzi, 2:08:43, n'kukhala Mwafrika woyamba kupambana ku Boston. Ikangaa anakhalanso wachiwiri mu 1989, kumbuyo kwa Abebe Mekonnen wa ku Ethiopia, n'kukhalanso wachiwiri mu 1990. Katatu kotsatizana. New York anaitenga mu 1989, koma Boston inamukana mpaka anapuma.

Sikuti Aafrika anaphunzira kuthamanga mu 1988. Abebe Bikila wa ku Ethiopia anali atapambana kale Olimpiki ya ku Rome mu 1960 wopanda nsapato, ndipo anabwera ku Boston mu 1963, n'kutsogola mpaka zitunda za Newton ndi mphepo yozizira zinamubweza pa nambala 5. Luso linalipo kalekale. Chimene chinkasowa ndi chifukwa choti mwana wa mlimi wa ku Rift Valley awoloke nyanja kukapikisanira mbale ya nyama. Ndalama zitabwera, kunabwera oimira othamanga okonza maulendo, makampani a nsapato, ndi misasa yokonzekerera ku Eldoret ndi Iten m'dziko la Kenya, kumtunda kopitirira mamita 2,000 kumene mpweya ndi wochepa ndipo thupi limazolowera kupanga magazi onyamula mpweya wambiri. Mu 2025 mphotho ya wopambana inali madola 150,000. Kwa mnyamata wa kumudzi, imeneyo ndi munda, nyumba ndi fizi ya azibale ake onse.

Kuyambira 1991 mpaka 2000 amuna a ku Kenya anapambana zaka khumi zotsatizana, Cosmas Ndeti yekha katatu. Fatuma Roba wa ku Ethiopia anakhala mkazi woyamba wa ku Afrika kupambana mu 1997, n'kubwereza mu 1998 ndi 1999. Catherine Ndereba anatenga kanayi, Robert Kipkoech Cheruiyot kanayinso.

Mu 2011 Geoffrey Mutai anathamanga 2:03:02, pafupifupi mphindi yathunthu pansi pa rekodi ya dziko lonse ya Haile Gebrselassie, 2:03:59. Koma sinawerengedwe. Malamulo amati njira ya rekodi isatsike kupitirira mita imodzi pa kilomita iliyonse, ndiponso poyambira ndi pothera pasatalikirane kupitirira theka la mtunda wonse, kuopa kuti mphepo ingamakankhe othamanga kumsana njira yonse. Boston imalephera malamulo onse awiri, ndipo tsikulo mphepo inalidi kumsana. Choncho mpikisano wakale kuposa yonse sungabale rekodi. Mwina n'chifukwa chake uli wokoma kuonera. Kulibe othamanga olembedwa ganyu yotsogolera liwiro, ndiye aliyense amayenera kuganiza yekha. Eliud Kipchoge, amene m'misewu yosalala ya Berlin ndi London analibe wofanana naye, anabwera mu 2023 n'kuthera pa nambala 6, Evans Chebet n'kupambana.

Ndalama zinabweranso ndi matenda ake. Rita Jeptoo wa ku Kenya, amene anafika woyamba mu 2014, anapezeka kuti ankagwiritsa ntchito mankhwala oletsedwa a EPO, owonjezera magazi. Ulemu unapita kwa Buzunesh Deba wa ku Ethiopia, koma ndalama zinali zitapita kale ndi wachinyengoyo, ndipo Deba anadikira zaka pafupifupi khumi. Nkhani ya Gareau yomwe ija, kungoti tsopano pali madola.

Chipata cha anthu wamba

Kwa anthu wamba chipata chinayamba kuchepa mu 1970. Chiwerengero chinali chitapitirira 1,000, misewu ya m'matauni aja ndi yopapatiza, ndiye anaika lamulo loti wofuna nambala aonetse kuti akhoza kumaliza pasanathe maola anayi. Lamulolo linapangidwa kuti lichepetse anthu, koma linachita zosiyana: nambala ya Boston inasanduka chinthu chosiririka, ndipo pali anthu amene amatha zaka akuthamanga marathoni zina kuti angopeza nthawi yoyenerera. Pa mpikisano wa 2026, mwamuna wa zaka 18 mpaka 34 anafunika 2:55, mkazi 3:25. Ngakhale kukwanitsa zimenezo sikutsimikiza malo, chifukwa oyenerera amachuluka kuposa malo pafupifupi 30,000 amene alipo, ndiye amatenga othamanga kwambiri. Pa mpikisano wa 2025 munthu anafunika kuposa nthawi yoikikayo ndi mphindi 6 ndi masekondi 51. Khomo lina ndi la mabungwe achifundo, lotsegukira amene angasonkhanitse madola zikwi zingapo, ndipo si onse amene amaliona bwino khomo limeneli.

Kwa zaka zambiri panalinso gulu lachitatu, othamanga opanda nambala, amene ankangolowa kumbuyo kwa chigulu, oyang'anira n'kumayang'ana kumbali. Mwambo umenewu unatha ndi tsoka.

Pa 15 Epulo 2013, nthawi ili 2:49 masana, akatswiri atamaliza kalekale ndipo anthu wamba akufika mwaunyinji, mabomba awiri anaphulika pakati pa oonerera mumsewu wa Boylston. Anawapanga ndi mapoto ophikira otseka mwamphamvu, odzaza misomali ndi tizitsulo, n'kuwasiya m'zikwama pansi. Anthu atatu anafa, mmodzi mwa iwo mwana wa zaka 8. Oposa 260 anavulala, ena anaduka miyendo. Othamanga oposa 5,000 anaimitsidwa m'njira osamaliza. Anachita izi ndi anyamata awiri apachibale; wamkulu anafa polimbana ndi apolisi, wamng'ono anagwidwa n'kuweruzidwa. Lelisa Desisa wa ku Ethiopia, amene anapambana tsikulo, anabwerera ku Boston patatha miyezi iwiri n'kupereka mendulo yake kwa anthu a mumzindawo.

Chaka chotsatira anakulitsa chiwerengero kufika pafupifupi 36,000 kuti amene anaimitsidwa aja abwerenso. Zikwama anaziletsa, apolisi anachuluka, opanda nambala anauzidwa kuti asayerekeze. Meb Keflezighi, wobadwira ku Eritrea amene anakulira ku America banja lake litathawa nkhondo, analemba mayina a omwalirawo m'makona a nambala yake. Anali ndi zaka 38, ndipo akatswiri anzake sanamuwerengere pamene anathawa pagulu mpikisano usanafike pakati. Pomwe ankati amuthamangire, nthawi inali itatha. Anakhala mwamuna woyamba wa ku America kupambana chichokere 1983.

Nyengo nayo imachita zake. Epulo wa ku Boston alibe khalidwe: mu 1976 kunatentha moti anthu ankapopera othamanga madzi ndi mapaipi a m'dimba, pomwe mu 2018 kunagwa chimvula chozizira ndi mphepo ya kumaso, akatswiri ambiri n'kusiyira panjira akunjenjemera. Tsiku limenelo anapambana Yuki Kawauchi, kalaliki wa boma wogwira ntchito mu ofesi ya sukulu ku Japan, ndi Desiree Linden wa ku America, amene poyamba ankaganiza zosiya moti anachedwetsa liwiro kudikira mnzake amene anapatukira kuchimbudzi. Nkhondo ziwiri zazikulu sizinauimitse mpikisanowu, kupatula kuti mu 1918 unasanduka wopatsirana pakati pa magulu a asilikali. Chimene chinautseka msewu ndi mliri wa Covid-19 mu 2020, ndipo wa 2021 unachitika mu Okutobala.

Wa pa 21 Epulo 2025 unayamba ndi ngozi. Atangonyamuka ku Hopkinton, John Korir wa ku Kenya anakoledwa mwendo pachigulu n'kugwa chafufumimba, nambala n'kuthothoka pamalaya. Anadzuka, anaipinda, n'kuilowetsa m'kabudula. Anathamanga njira yonse pachifuwa pali pambalambanda, n'kuthawa anzake m'zitunda za Newton. Kwa akazi Sharon Lokedi anagonjetsa Hellen Obiri pa 2:17:22, nthawi imene mkazi anali asanathamangepo mumsewu umenewu. Korir atakhota pa msewu wa Hereford kulowa mu Boylston, anapisa dzanja, n'kutulutsa kapepala kaja kali kopindikapindika, kuti adutse nako mzere. Wotchi inaonetsa 2:04:45. Kutsogolo kwake kunaima mkulu wake Wesley, amene anapambana pamalo omwewo mu 2012, manja atatambasula.